Ngwazi za Bandeji: Anamwino Amene Anaposa Anzawo pa Nkhondo

Pa 23 Ogasiti 1941, patangotha miyezi iwiri asilikali a Hitler atalowa m'dziko la Soviet Union, Stalin anasaina lamulo nambala 281. Lamuloli linaika mtengo pa munthu wovulala. Wonyamula ovulala akatulutsa asilikali 15 pamalo omenyanirana, azilandira mendulo. Akafika 25, azilandira ya Red Star; akafika 40, ya Red Banner; akakwanitsa 80, ya Lenin, yomwe inali pamwamba pa zonsezi. Koma panali kamfundo kamodzi: wovulalayo aziwerengedwa pokhapokha ngati wabwera ndi mfuti yake. Ndiye taganizirani mtsikana wa zaka 20 akukwawa chafufumimba m'matope, kumbuyo akukhwekhwereza chimwamuna chomuposa kulemera atachigoneka pa lona, mfuti ya mwini wakeyo ili pamsana, zipolopolo zikulira pamwamba pa mutu.

M'miyezi 8 yokha, Zinaida Tusnolobova anatulutsa ovulala oposa 120 mwa njira imeneyi. Mu Febuluwale 1943, kudera la Kursk, anamva kuti mkulu wa gulu lake wagwa, ndipo akukwawira komweko anawomberedwa miyendo yonse iwiri. Msilikali wa Germany anamupeza ali chigonere n'kumusasantha kumaso ndi thendere la mfuti. Pamene anzake ankamupeza, magazi ake anali ataundana n'kumumatirira ku chisanu, moti anachita kumugoba ndi mipeni. Madokotala anamudula manja ndi miyendo ali ndi zaka 22. Analembetsa kalata youza chibwenzi chake, Iosif Marchenko, kuti amuiwale. Mnyamatayo anakana, ndipo nkhondo itatha anamukwatira n'kubereka naye ana. Dzina la Zinaida linkalembedwa pa akasinja ndi ndege zopita kunkhondo, koma ulemu wa Ngwazi ya Soviet Union unamupeza mu 1957, patapita zaka 14. Mnzake pa ntchitoyi, Yekaterina Mikhailova-Demina, yemwe ankayenda ndi asilikali apamadzi, anadikira ulemu womwewu mpaka 1990.

Ndayamba ndi amenewa dala. Nkhani ya anamwino a kunkhondo ikangoyambika, dzina lobwera msanga pakamwa ndi la Florence Nightingale, ndipo pa kutchuka palibe womupikisa. Tsiku lake lobadwa, 12 Meyi, ndi lomwe anamwino amakondwerera ntchito yawo padziko lonse, kuno kwathu komwe. Anafika ku Scutari, m'dziko la Turkey, mu Novembala 1854 ndi anamwino 38, kudzasamalira asilikali a Britain ovulala pa nkhondo ya ku Crimea. Anthu amakonda chithunzi chake atanyamula nyali usiku akuyendera odwala. Chomwe chithunzicho sichionetsa n'chakuti m'nyengo yozizira yoyamba ija asilikali oposa 4,000 anafera m'chipatala chomwecho, ambiri ndi kamwazi, kolera ndi tayifodi, osati mabala a mfuti. Chinyumbacho chinakhala pamwamba pa ngalande za zimbudzi zotsekeka. Akatswiri a zaukhondo atatumizidwa kuchokera ku London mu Malichi 1855, anapeza hatchi yakufa mu mgula wa madzi omwe odwala ankamwa. Imfa zinayamba kutsika ngalande zitatsukidwa ndi mpweya utayamba kulowa m'zipinda.

Ukulu weniweni wa mayiyu unaoneka atabwerera kwawo. Anakhala pansi ndi ziwerengero za akufa, n'kuzijambula mwakuti ngakhale nduna yaulesi powerenga ione yokha kuti uve unapha asilikali ambiri kuposa adani. Mu 1858 anakhala mkazi woyamba kulowa m'bungwe la akatswiri a ziwerengero la Royal Statistical Society. Mu 1860 anatsegula sukulu ya anamwino pa chipatala cha St Thomas' ku London. Mu 1883 anali woyamba kuvekedwa mendulo ya Royal Red Cross, ndipo mu 1907 anakhala mkazi woyamba kulandira Order of Merit. Zikho zonsezi n'zake ndithu, palibe womulanda.

Chikho cha kukhala woyamba chokha ndiye si chake. Mabuku akale a Chisilamu amasimba za Rufaida Al-Aslamia wa ku Medina, amene pa nkhondo ya m'chaka cha 627 anali ndi tenti yake pafupi ndi mzikiti, momwe ankasamaliramo ovulala. Mmodzi wa amene anagonekedwa mmenemo anali Sa'd ibn Mu'adh, mtsogoleri wodziwika wa mumzindawo. Izi ndi zaka zoposa 1,200 Nightingale asanakwere sitima. Ndipo pa nkhondo ya ku Crimea yomweyo, mbali ya Russia inali ndi anamwino ake, otsogoleredwa ndi dokotala wa opaleshoni Nikolai Pirogov, amene ankagwira ntchito mumzinda wa Sevastopol mabomba akugwa padenga. Scutari inali kutsidya kwa nyanja ya Black Sea, makilomita mazanamazana kuchokera komwe mizinga inkalira.

Kufupi ndi mizingako kunali Mary Seacole, mayi wa ku Jamaica amene ankadziwa mankhwala azitsamba ndipo anali atalimbanapo kale ndi mliri wa kolera. Atadzipereka ku London anamubweza. Iye anangodzilipirira yekha ulendo, n'kukamanga malo odyera ndi opumulirako asilikali pafupi ndi Balaclava mu 1855, ndipo kukamenyedwa nkhondo ankapita ndi chikwama chake cha mabandeji. Anabwerako ali mbuu ndi ngongole. Atamwalira mu 1881 anaiwalika kwa zaka pafupifupi 100. Mu 2004 anthu a ku Britain anamuvotera kukhala munthu wakuda wopambana onse m'mbiri ya dzikolo, ndipo mu 2016 chiboliboli chake chinaimikidwa pabwalo la St Thomas', chipatala cha Nightingale chomwe chija. Ena okonda Nightingale anadandaula nazo. Ine sindiona chodandaulitsa: bwalolo ndi lalikulu.

Malamulo odabwitsa kuposa onse olembera anthu ntchito anachokera kwa Dorothea Dix, mkulu wa anamwino a asilikali a kumpoto pa nkhondo yapachiweniweni ya ku America. Iye ankafuna amayi a zaka 35 mpaka 50, osati okongola kwambiri, ovala zakuda, zotuwa kapena zofiirira, opanda ndolo kapena mkanda. Malipiro ake masenti 40 pa tsiku. Mantha ake anali akuti atsikana angakasokoneze asilikali ndi madokotala.

Clara Barton sanadikire chilolezo cha Dix. Pa 17 Sepitembala 1862, tsiku la nkhondo ya ku Antietam pomwe anthu pafupifupi 23,000 anafa, kuvulala kapena kusowa dzuwa lisanalowe, iye anafika ndi ngolo ya katundu n'kupeza madokotala akumanga mabala ndi makoko a chimanga, mabandeji atatha. Atawerama kuti amwetse madzi msilikali wina, chipolopolo chinaboola mkono wa deresi lake n'kupha munthu amene ankamumwetsayo. Chibowocho sanachisoke moyo wake wonse. Ndi amene anadzayambitsa Red Cross ya ku America mu 1881. Pa nkhondo yomweyi Susie King Taylor, amene anabadwira mu ukapolo ku Georgia, analowa m'gulu la asilikali akuda ali ndi zaka 14. M'kaundula anamulemba ngati wochapa zovala, koma ankatsuka mabala ndi kuphunzitsa asilikali kuwerenga. Anagwira zaka zinayi ndi miyezi itatu osalandira ngakhale khobidi.

Pa Nkhondo Yachiwiri ya Dziko Lonse, gulu la anamwino a asilikali apamtunda a America linakula kufika pa anthu oposa 59,000. Pambali pa chiwerengero chachikuluchi ikani china chaching'ono: 56. Amenewa ndi malo amene anapatsidwa anamwino akuda mu 1941. Pofika Januwale 1945 Pulezidenti Roosevelt anali kunena zoyamba kulemba anamwino mokakamiza chifukwa ankaperewera, pamene akuda ophunzira bwino ankabwezedwa pakhomo. Ambiri mwa ochepa amene analoledwa anatumizidwa kukasamalira akaidi a ku Germany.

Nyanja ndiyo inameza anamwino ambiri nthawi imodzi. Pa 27 Juni 1918 sitima ya pansi pa madzi ya Germany inaphulitsa Llandovery Castle, sitima yachipatala ya Canada, kufupi ndi Ireland, kenaka n'kuwombera mabwato a opulumuka. Anthu 234 anafa, kuphatikizapo anamwino onse 14. Pa 14 Meyi 1943 sitima yachipatala ya Australia, Centaur, inamizidwa ili ndi anthu 332. Mwa anamwino 12 anatsala mmodzi, Ellen Savage, amene anakhala tsiku ndi theka pa chiphaka cha matabwa, nthiti zitathyoka, akugawira anzake chakudya ndi madzi.

Koma nkhani ya wopulumuka yekha imene imandiimitsa tsitsi ndi ya Vivian Bullwinkel. Mzinda wa Singapore utatsala pang'ono kugwa m'manja mwa Japan, anamwino 65 a ku Australia anakwezedwa sitima ya Vyner Brooke. Pa 14 Febuluwale 1942 ndege zinaimiza, ndipo anamwino 12 anathera m'madzi. Gulu lina la 22 linakocheza pagombe la Radji, pachilumba cha Bangka ku Indonesia, pamodzi ndi asilikali, amalinyero ndi ovulala. Anagwirizana zodzipereka, ndipo anaika chizindikiro cha mtanda wofiira pamchenga kuti aliyense aone kuti iwo si omenya nkhondo. Pa 16 Febuluwale asilikali a Japan anafika. Anayamba atenga amuna kupita nawo kuseri kwa matanthwe, n'kubwerako akupukuta mabenesi. Kenaka anauza anamwinowo, ali mu yunifolomu, kuti alowe m'nyanja. Madzi atawafika m'chiuno, anawathira zipolopolo kumsana.

Bullwinkel, wa zaka 26, chipolopolo chinamulowa pamwamba pa chiuno n'kutulukira kutsogolo osakhudza chiwalo choopsa. Anadziyandamitsa ngati mtembo mpaka mafunde anamubwezera kumtunda, komwe anapeza kuti anzake onse 21 apita. Anabisala m'thengo masiku 12 akusamalira msilikali wa Britain wovulala kwambiri, mpaka njala inawakakamiza kudzipereka. M'ndende anabisa chibowo cha pa deresi lake pokoleka botolo la madzi pamalopo, podziwa kuti alonda akazindikira zoti pali mboni, sagona tsiku. Anasunga chinsinsicho zaka zitatu ndi theka. Anamwino ena 8 anafera m'ndendemo ndi njala ndi matenda, moti mwa 65 aja anabwerera kwawo ndi 24. Mlandu suola: mu 1946 Bullwinkel anaima m'khoti la milandu ya nkhondo ku Tokyo n'kunena zomwe anaona. Chiboliboli chake chinaimikidwa pa chipilala cha nkhondo ku Canberra mu 2023, iye atamwalira kale mu 2000.

Ena aang'ono kwambiri sanali anamwino n'komwe. Anali ana asukulu. Pa 23 Malichi 1945, asilikali a America akuyandikira chilumba cha Okinawa, akuluakulu a nkhondo a Japan anatenga atsikana 222 a zaka 15 mpaka 19 ndi aphunzitsi awo 18, kuchokera m'sukulu ziwiri, n'kuwatumiza ku chipatala cha asilikali cha Haebaru. Masiku ano amadziwika ndi dzina lakuti Himeyuri. Ena ananyamula mabuku ndi mapensulo, poganiza kuti akakhala m'nyumba yokhala ndi mbendera ya Red Cross ndipo madzulo aziwerenga. Anakapeza mapanga okumba m'phiri, amdima, onunkha mafinya. Ntchito yawo inali kutunga madzi ndi kunyamula migolo ya chakudya mabomba akugwa, kuchotsa mphutsi m'mabala, kugwira munthu mwamphamvu pamene dokotala akumucheka mwendo, n'kukataya mwendowo panja.

Pa 18 Juni, zinthu zitafika poipa, anawauza kuti gulu lawo latha, aliyense aone kolowera. Kunja kwa mapangawo kunali moto wokhawokha. Mpaka tsiku limenelo amene anafa anali ochepa. Oposa 100 anafa m'masiku otsatira, ena ndi mabomba, ena podziphulitsa okha chifukwa anaphunzitsidwa kuti kugwidwa ndi mdani n'koipa kuposa imfa. Onse pamodzi anafa 136 mwa 240. Pano sindinganene za kulimba mtima ndi mtima woyera. Akuluakulu anagwiritsa ntchito ana a eni, ndipo atathana nawo anawataya. Opulumuka ndi amene anadzatsegula nyumba yosungiramo mbiriyi ku Itoman mu 1989, n'kumaima okha pamaso pa alendo kufotokoza.

Chiwerengero chokoma kuposa zonse m'nkhaniyi ndi 77. Dziko la Philippines litagwa mu 1942, Japan inagwira anamwino a America 66 a gulu lapamtunda ndi 11 a gulu lapamadzi. Ambiri a gulu lapamtunda anali atagwira kale ntchito m'zipatala za pansi pa mitengo ku Bataan ndi mu ngalande ya pansi pa phiri ku Corregidor. M'ndende ya Santo Tomas ku Manila, mkulu wawo Maude Davison, mayi wa zaka 57 wosaseka ndi munthu, analamula kuti aliyense azivala yunifolomu ndi kugwira maola anayi pa tsiku m'chipatala cha akaidi, kaya wadya kaya sanadye. Laura Cobb, mkulu wa a gulu lapamadzi, anachita chimodzimodzi ndi anamwino anzake 10 ku ndende ya Los Baños. Chakumapeto chakudya chinachepa mpaka anthu ankadya masamba ndi mizu, ndipo akaidi ena ankafa tsiku ndi tsiku. Atamasulidwa mu Febuluwale 1945, anamwinowo anawerengedwa: analowa 77, anatuluka 77. Ena anapempha kuti Davison apatsidwe mendulo yapamwamba koma akuluakulu anakana. Inadzaperekedwa mu 2001, mwini wake atagona m'manda zaka 45.

Mmodzi wa amene anatuluka ku Santo Tomas ndi Ruby Bradley, amene amawerengedwa pakati pa akazi ovekedwa mamendulo ambiri m'mbiri ya asilikali a America: 34. Ali mkaidi anathandiza pa maopaleshoni 230 ndi kubadwitsa ana 13. Chakudya chake ankagawira ana, ndipo yunifolomu itayamba kumukhwepa ankabisamo zipangizo zachipatala. Anatuluka akulemera makilogalamu 39. Patapita zaka zisanu anali ku Korea, komwe mu 1950 anakana kukwera ndege yothawa ku Pyongyang mpaka wodwala womaliza atalowa. Atangodumphira m'ndegemo, ambulansi yomwe anabwera nayo inaphulitsidwa.

M'mlengalenga, katswiri anali Aleda Lutz: maulendo 196, ovulala oposa 3,500. Anafa pa 1 Novembala 1944 ndege yake itawomba phiri ku France kuli mkuntho, ali ndi zaka 28. Geneviève de Galard wa ku France naye anali namwino wa m'ndege. Pa 28 Malichi 1954 anatera pamsasa wa asilikali a France ku Dien Bien Phu, m'dziko la Vietnam, kudzatenga ovulala, koma ndegeyo inawonongeka ndipo kutacha mizinga ya adani awo a Viet Minh inaimaliza. Anatsekeredwa m'chipatala cha pansi pa nthaka, m'matope, mpaka msasawo unagwa pa 7 Meyi. Nyuzipepala zinamutcha mngelo, ku New York anamuyendetsa pa galimoto yosatseka pamwamba anthu akumuwaza timapepala, ndipo ankatchulidwa kuti anali mkazi yekhayo mumsasamo. Olemba mbiri angapo amatsutsa: munalinso akazi a ku Vietnam ndi a ku Algeria amene gulu la nkhondo la France linabwera nawo kuti azisangalatsa asilikali, ndipo nkhondo itakula nawonso anasanduka osamalira ovulala. Amenewo palibe anawaimbira lipenga. De Galard anamwalira mu 2024 ali ndi zaka 99.

Choyenda pang'onopang'ono kuposa zonse chinali udindo. Canada inafulumira kupatsa anamwino ake ulemu wofanana ndi wa maofesala, ndipo anamwino ake a kunkhondo anali m'gulu la akazi oyamba kuvota pa chisankho cha dziko lonse mu 1917. Ku America gulu la anamwino linakhazikitsidwa mu 1901, koma udindo wokhazikika wa usilikali unabwera mu 1947, woyamba kuulandira ali Florence Blanchfield. Pa 11 Juni 1970 Anna Mae Hays, namwino amene anagwirapo ntchito m'nkhalango za ku India ndi ku Korea, anakhala mkazi woyamba kufika pa udindo wa jenerale m'dzikolo. Mkazi wakuda woyamba, Hazel Johnson-Brown, naye namwino, anafikapo mu 1979.

Mwa onse amene ndawatchula, amene anadikira nthawi yaitali ulemu wake n'kuulandira ndi manja ake ndi Augusta Chiwy. Anabadwa mu 1921 m'dera la Africa lomwe linali pansi pa Belgium, mayi ake Mwafirika, bambo ake dokotala wa ziweto wa ku Belgium. Mu Disembala 1944 anapita ku Bastogne kukadya Khirisimasi ndi bambo akewo, ndipo m'masiku ochepa tauniyo inazingidwa ndi asilikali a Germany. Dokotala wa asilikali a America, John Prior, anali ndi ovulala odzaza nyumba, wopanda mankhwala okwanira, ndipo anapempha anamwino awiri a m'tauniyo kuti amuthandize: Renée Lemaire ndi Augusta. Zovala zake zitanyowa ndi magazi, Augusta anavala yunifolomu ya America, chinthu chomwe akanaphedwa nacho akanagwidwa, n'kumakwera galimoto kukatola ovulala komwe kunkawomberedwa. Asilikali ena achizungu ankakana kuti mkazi wakuda awakhudze. Prior ankawayankha kuti asankhe pakati pa iyeyo ndi imfa.

Usiku wa pa 24 Disembala bomba linagwera pa nyumbayo n'kupha Lemaire ndi ovulala pafupifupi 30. Augusta linamuponya kubzola khoma, koma anadzuka n'kupitiriza ntchito. Lemaire anatchuka ngati mngelo wa ku Bastogne, ndipo n'zomuyenera. Za Augusta ambiri ankangoganiza kuti anafera pomwepo. Iye anakwatiwa, anabereka ana awiri, anapitiriza unamwino, ndipo za nkhondo sankazikamba. Wolemba mbiri wina wa ku Britain, Martin King, ndi amene anamufunafuna mpaka kumupeza m'nyumba yosungira okalamba kufupi ndi Brussels. Mu Juni 2011 dziko la Belgium linamuveka mendulo ya Order of the Crown, ndipo mu Disembala chaka chomwecho gulu la nkhondo la America linabwera ndi yake. Panali patapita zaka 67, iye ali ndi zaka 90. Anamwalira pa 23 Ogasiti 2015.